Ulemerero wa Kosita Yahayala pa Ulendo wa ku Phiri la Zomba

Pakati pa zinthu zimene anthu amazidandaula kwambiri chonsecho zili zoyenera ulemu, ulendo wa tsiku limodzi wa gulu lonse wokwera phiri la Zomba pa basi yahayala uyenera kupatsidwa mpando wa patsogolo, pakuti makwaya, mabungwe a amayi a mumpingo, ana a sukulu ndi ogwira ntchito m'maofesi akhala akuunenera zoipa kwa zaka zambiri popanda wina woimirira kuuikira kumbuyo. Basi imene imatchuka pa ntchitoyi ndi Kosita, galimoto ya Toyota yokulirapo kuposa minibasi wamba, imene inapangidwa kuti izinyamula anthu pafupifupi 30 kuphatikizapo okhala pa timipando topinda ta pakanjira, ngakhale kuti komiti yokonza ulendo, powerenga ana awiri ngati munthu mmodzi ndi ana oyamwa ngati katundu, imasonyeza poyera kuti amisiri a ku Japan anaipeputsa galimoto yawo.

Mwambo wotengera khamu la anthu kokacheza pa mtengo umodzi unayambitsidwa ndi Thomas Cook, amene mu 1841 anakonza sitima yapamtunda yonyamula anthu pafupifupi 500 kuchokera ku Leicester kupita ku Loughborough, aliyense atalipira shileni imodzi, ndipo n'zoyenera kukumbukira kuti anthuwo ankapita ku msonkhano wolimbikitsa kuleka mowa, kotero kuti achinyamata amene masiku ano amabisa timabotolo kumpando wakumbuyo akupotoza cholowa cha munthu wopemphera. M'mayiko olemera maulendo otere amakathera ku mapaki a zisangalalo, ndiko kuti malo otchingidwa ndi mpanda mmene muli makina ozunguza ndi kuponya anthu m'mwamba, monga Disneyland imene inatsegulidwa ku California mu 1955, kapena Gold Reef City ya ku Johannesburg imene inamangidwa pa mgodi wakale wa golide. Munthu akafufuza mofatsa chimene mapakiwo amagulitsa, amapeza kuti ndi mantha, chizungulire, kuima pa mzere ndi kubwerera kunyumba m'thumba muli mbee, ndipo zonsezi Kosita yopita ku Zomba imazipereka mokwanira popanda kuwononga zitsulo ndi magetsi zimene azungu amawononga.

Ubwino woyamba umaonekera basi isanalire n'komwe. Komiti imalengeza kuti onse afike 6 koloko m'mawa ndipo wochedwa adzasiyidwa, lamulo limene silinagwirepo munthu, chifukwa wochedwa kwambiri amakhala amene anasunga mphika wa mpunga, kapena wapampando mwini wake. Nthawi yodikirayo msungichuma amayendayenda ndi kope la masamu mmene analemba mayina m'magulu atatu, la omaliza kusonkha, la opereka theka, ndi la amene analonjeza kuti adzamaliza mwezi ukatha, ndipo gulu lachitatuli ndi limene limafika msanga n'kukhala pawindo. Basi ikadzaza, dzuwa litakwera kale, dalaivala amaulula kuti mafuta mulibe, motero ulendo wa ku phiri umayamba ndi ulendo wa ku filing'i siteshoni. Akuluakulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha, koma sanasiye sukulu yophunzitsira kudekhako, ndipo mpata umenewu ndi umene komiti ya ulendo inatseka.

Kuchokera ku Blantyre kukafika ku Zomba pa msewu wa M3 ndi mtunda wa makilomita pafupifupi 65, umene galimoto yopanda nzeru imaumaliza mu ola limodzi ndi mphindi zochepa, pamene Kosita, pozindikira kuti kuthamanga sikufika, imaima pa Njuli kudikira mlongo amene anati akwerera panjira, pa Namadzi kuti ana akataye madzi, ndi pa Thondwe kuti amayi afunse mtengo wa tomato amene adzagule pobwerera. Apa ndi pamene timipando topinda timaonetsa nzeru zake zonse, pakuti tikatambasulidwa kanjira kapakati kamatsekeka, ndipo mwana wa kumbuyo akafuna kutsika, mizere yonse ya patsogolo pake iyenera kunyamuka, kupinda mipando, kutula makontena a ndiwo ndi kutsika kaye. Palibe lamulo la dziko limene linakwanitsa kulinganiza anthu monga mmene kachipangizo aka kamachitira, chifukwa mkulu wa mpingo, mphunzitsi wamkulu ndi mayi wogulitsa mandasi onse amaimirira limodzi m'mbali mwa msewu pofuna kutumikira chikhodzodzo cha mwana wa sitandade 2.

Mzinda wa Zomba, umene unali likulu la dziko mpaka 1975 ndiponso unasunga Nyumba ya Malamulo mpaka 1994, uli ndi zambiri zoti mlendo aone: chipilala chokumbukira asilikali a King's African Rifles, Cobbe Barracks, ndende yaikulu, nyumba yosungira zolembedwa zakale za boma, nyumba ya Masongola ya mu 1886, ndi sukulu ya ukachenjede imene kale inkatchedwa Chancellor College ndipo inasamukira ku Chirunga mu 1973. Popeza nthawi inatayika kale, zonsezi zimaphunziridwa kudzera pawindo m'mphindi zosakwana khumi, mphunzitsi akuloza kumanja pamene chinthucho chadutsa kale kumanzere, ndipo mbiri ya dziko imalowa m'mitu ya ana mopepuka, yosalemetsa ubongo.

Chimake cha ulendowu ndi chitunda. Mzindawu uli pa mamita osafika 1,000 kuchokera pa nyanja yamchere, pamene nsonga ya Malumbe ipitirira mamita 2,000, ndipo ngakhale basi sifika pansongapo, msewu wokhotakhota umene umakwera kukafika ku Ku Chawe ndi wokwanira kuyesa injini ndi chikhulupiriro pa nthawi imodzi. Galimoto yolemedwa ikamakwera pa giya yoyamba kapena yachiwiri, injini imagwira ntchito yaikulu koma liwiro limakhala lochepa, kotero mphepo yodutsa mu redieta, chipangizo chimene chimaziziritsa madzi a injini, imachepa pa nthawi imene ikufunika kwambiri, ndipo mapeto ake madziwo amawira ngati mphika wa nyemba. Zikatero dalaivala amaimitsa basi pakona pamene mbali imodzi kuli thanthwe ndipo mbali inayo kuli phompho, kondakitala amadumpha n'kuthamangira mwala woika kutayala lakumbuyo, ndipo chigubu cha madzi amene anasungidwira kusungunula Sobo chimaperekedwa nsembe kwa injini. Kwaya imene inkaimba mokweza kuyambira ku Limbe imayamba yatsitsa mawu, kenaka n'kukhala chete, mpaka mayi wina wachikulire atayambitsa pemphero losakonzekera limene kuona mtima kwake kumaposa mapemphero onse a chaka chimenecho.

Pamenepa m'pamene mapaki a kunja amagonja. Munthu wokwera sitima yamasewera ya ku Gold Reef City amakuwa akudziwa kuti akatswiri anayeza njanji ndi malamba, choncho mantha ake ndi ogula, ongoyerekeza, pamene wokwera Kosita amaona ndi maso ake kuti chimene chikumulekanitsa ndi madenga a ku Zomba ndi mwala umene wasankhidwa mofulumira ndi mnyamata wovala patapata. Pofuna kuti chisangalalo chisachepe, m'makona omwewo mumatsika anyamata a njinga zosenza nkhuni zounjikidwa kupitirira mutu, ena akuchepetsa liwiro ndi phazi. Chizungulire nachonso sichisowa, ndipo akatswiri a zaumoyo amafotokoza kuti chimabwera pamene ziwalo za mkati mwa khutu zikumva kuti thupi likukhota koma maso, amene akungoona msana wa munthu wa patsogolo, akunena kuti palibe chikuyenda, mkangano umene umathera m'jumbo imene mayi aliyense wodziwa ulendo amaisunga m'chikwama.

Pamwamba pa phiri pali malo okwanira masiku atatu: damu la Mulunguzi limene limamwetsa mzinda wonse, mathithi a Williams ndi a Mandala, maiwe owetera nsomba za trout, malo oonerapo patali a Queen's View, amene anatchedwa choncho pokumbukira ulendo wa mayi wa Mfumukazi Elizabeth mu 1957, ndi Emperor's View, pamene anaima Haile Selassie wa ku Ethiopia mu 1965, komanso dzenje la Chingwe limene nkhani zapakamwa zimati kale ankaponyamo anthu. Gulu limafika litatsala ndi maola awiri okha, ndipo dalaivala, atayang'ana msewu wafumbi wopita ku malo akutaliwo, amanena mwaulemu kuti mgwirizano wa hayala unali wa phula. Alendo ochuluka amaona Emperor's View pa chikwangwani cholozera njira, ndipo potero amapulumutsidwa ku kudzikuza koima pamene inaima mfumu.

Amene amalimba mtima n'kuyenda wapansi kukafika poonekera patali amalandira mphoto ya mtundu wina. Kukakhala kowala, munthu amaona nyanja ya Chilwa ndi chilumba cha Chisi, ndipo chakum'mwera phiri la Mulanje limaima lonse, koma makomiti, mwa nzeru zimene sizinafufuzidwe mokwanira, amakonda miyezi ya Juni ndi Julayi, pamene chiperoni, mphepo yozizira ya chinyezi yochokera kum'mwera chakum'mawa, chimakuta phiri ndi nkhungu, kapena tsiku la anakubala pa 15 Okutobala, pamene utsi wa moto wolusa ndi fumbi zimaphimba chigwa chonse. Wotsogolera amaloza m'choyeracho n'kunena kuti uko ndi ku Chilwa, gulu limavomera, ndipo chikhulupiriro cha zinthu zosaoneka chimene chinayamba pachitunda chimakhwima. Kuyenera kuvomerezedwa kuti ocheka matabwa ndi moto wa chaka ndi chaka achita mbali yawo pochotsa mitengo ya paini imene inkatchinga maso m'malo ambiri, kotero kuti mlendo wa lero amaona nkhungu yochuluka kuposa imene makolo ake ankaona.

Chakudya chimadyedwa pa udzu, pa zitenje zoyala, moyang'anizana ndi hotela imene gulu limailemekeza pojambulitsa pachipata chake. Mpunga umene unaphikidwa usiku umakhala utazizira mpaka kugwirana, nkhuku imagawidwa ndi mayi amene amadziwa pamtima amene sanamalize kusonkha, ndipo anyani a m'nkhalangomo, amene sanalembedwe m'kope la msungichuma, amatenga gawo lawo la nthochi popanda kudikira pemphero. Ogulitsa amafika ndi timbale ta sitiroberi, mabulosi ndi magalagadeya, ena ndi miyala yonyezimira yokumbidwa m'mapiri a m'derali, ndipo bambo amene anakana kuwonjezera ndalama ya mafuta amagula mwala umene sadzadziwa pouika.

Kutsika kumachedwa chifukwa powerenga mitu pamapezeka kuti mnyamata mmodzi ndi mtsikana mmodzi anasochera njira imodzi pa nthawi imodzi, ndipo akapezeka, dzuwa likulowa, basi imayamba kutsetsereka ndi fungo la mabuleki, amene akapondedwa kwa nthawi yaitali amatentha n'kuchepa mphamvu, chifukwa chake dalaivala wodziwa amatsika pa giya yaing'ono, injini ikulira mokweza kuposa kwaya. Tomato wa pa Thondwe amagulidwa ndi kuwala kwa foni, ana amagona pamiyendo ya anthu osawadziwa, ndipo pofika kunyumba mwini basi amakhala akuimba kufunsa ndalama yowonjezera, popeza galimoto inayenera kubwezedwa 6 koloko madzulo.

Sabata yotsatira komiti imakhala pansi kumva lipoti. Msungichuma amawerenga kuti ndalama zolowa zinachepa poyerekeza ndi zotuluka, amatchula mayina a gulu lachitatu lija mmodzimmodzi, eni ake akuyang'ana pansi, ndipo pamabuka mkangano wautali wa chivundikiro cha kontena ya mayi wina chimene chinatsala pa damu. Mfundo imamangidwa yakuti aliyense, kuphatikizapo amene sanapite, asonkhe kangachepe kotseka ngongoleyo, ndipo mlembi, amene anasanza kawiri pokwera ndi kamodzi potsika, amalemba m'buku la maminitsi kuti ulendo wa ku Zomba unayenda bwino kwambiri.