Mmene Ungalandirire Magemu a Chilimwe Uli mu Jekete la Salaula

Choyamba, mphwanga, vala jekete. Opanga magemu ku America, ku Japan ndi ku Ulaya alengeza kuti chilimwe chafika, ndipo zithunzi zawo zadzaza dzuwa, mchenga wa kunyanja ndi anthu oyenda chifuwa pamtunda. Iwe uli pa Kabwata mwezi wa Juni, milomo yang'ambika, miyendo yatuwa, mbaula waiika pakati pa mapazi. Usakangane nawo. Mwini fakitale ndiye amatcha nyengo dzina. Chionetsero chawo cha Summer Game Fest chikamayamba masana ku Los Angeles, kuno imakhala ili cha m'ma 23 koloko usiku. Funda bulangeti, yatsa foni, uonere anthu akuombera m'manja zinthu zimene iwe udzazigwira mwana wako woyamba akadzalowa giredi 1.

Titenge Juni wa 2025, chifukwa unali mwezi wonona. Pa 5 Juni kampani ya Nintendo inatulutsa Switch 2 pamodzi ndi gemu ya mpikisano wa timagalimoto, Mario Kart World. Pa 10 panatuluka Dune: Awakening ya pa kompyuta, pa 19 gemu ya mpira yotchedwa Rematch, ndipo pa 26 Hideo Kojima anatulutsa Death Stranding 2 ya pa PlayStation 5. Madeti amenewa uwaloweze pamtima ngati mavesi a Sande sukulu, pakuti ndi chinthu chokhacho pa nkhani yonseyi chimene upeze chaulere. Switch 2 ku America inali madola 450, Mario Kart World payokha madola 80. Dola imodzi inali kupitirira makwacha 20. Chulukitsa wekha: makinawo adutsa K9,000, kagemuko kadutsa K1,600, tisanawerengere za kasitomu ndi phindu la wogulitsa. Usayerekeze kuwerengera mtengo umenewu m'matumba a ufa amayi ali pafupi. Nintendo inanena kuti inagulitsa makina oposa 3.5 miliyoni m'masiku anayi okha. Pa anthu onsewo ine ndikudziwapo mmodzi, ndipo geti ya kwawo ili ndi mlonda.

Tsono mvetsa bwino za kalendala, chifukwa apa ndi pamene achinyamata ambiri amadwalira mtima pachabe. Tsiku limene gemu imatuluka ku Tokyo ndi nkhani ya anthu a ku Tokyo. Mu Lusaka gemu imatuluka kanayi. Ku Kabulonga imatuluka tsiku lomwelo, kapena Loweruka lotsatira, adadi akatsika ndege yochokera ku Johannesburg kapena ku Dubai ili m'sutukesi pakati pa mafuta onunkhira. Ku Woodlands imatuluka kumapeto kwa mwezi, malipiro akalowa, ndipo ngati mwezi umenewo ndi wa fizi ya sukulu imatuluka mwezi winawo. Pa Kabwata imatuluka mwana wa ku Woodlands akatopa nayo n'kupita nayo m'tauni kukasinthitsa ndi ina, disiki ili ndi timizere tiwiri titatu ndi chala cha mafuta a chipisi. Ku Chelstone imafika mochedwerako, osati chifukwa anthu a kumeneko alibe ndalama, koma imayenera kukwera minibasi, kudikira kuti idzaze, kenako kupirira mzere wa magalimoto wa pa Great East Road. Munthu wodziwa kalendala imeneyi sathamanga magazi. Grand Theft Auto V inatuluka mu 2013, koma pa kantemba ka magemu ka kwanu ikadali mkwatibwi. Ndiponso eni akewo, a kampani ya Rockstar, nawo amadziwa mawu akuti "bwerani mawa": gemu yotsatira, GTA VI, anati ituluka mu 2025, kenako anati Meyi 2026, kenako anati Novembala 2026. Telala wa pamsika akakuuza zotere umamutukwana, koma Rockstar ukuiwiringulira.

Ukaganiza zogula pa intaneti, konzeka kusamuka. Potsegula akaunti ya PlayStation amakufunsa dziko, ndipo pamndandanda wawo upezapo South Africa koma Zambia uifufuza mpaka maso kuwawa. Usakhumudwe, sankha kwina. Ndikudziwa anyamata amene sanawolokepo mtsinje wa Kafue koma papepala amakhala ku Sandton. Ochenjera kwambiri anasamukira ku Oregon ndi ku Delaware, atamva kuti kumeneko kulibe msonkho wa pogula zinthu. Adiresi yakoyo uilembe kuseri kwa buku la nyimbo, chifukwa tsiku lina udzaiwala pasiwedi ndipo makina adzakufunsa kumene umakhala. Palibe manyazi oposa kulephera kutchula msewu wa kwanu.

Wagula. Tsopano gemuyo iyenera kulowa m'makina, ndipo apa ndikupempha ukhale pansi. Kale, masiku a PlayStation 2, unkaika disiki, n'kuipukuta pa malaya ikakana, basi mpira wayamba. Masiku ano ngakhale wagula disiki, makina amakuuza kuti ayambe akoka apudeti. Magemu akuluakulu amadya magigabaiti makumimakumi, ndipo ina monga Baldur's Gate 3 ya mu Ogasiti 2023 imafuna malo a magigabaiti 150 pa kompyuta. Bandulo yako ya pa foni, ija umainyadira kuti imatha sabata, gemu yotere imaimeza ngati mmene nkhuku imamezera njere ya mapira. Ndiye pamafunika zinthu zitatu zigwirizane: bandulo, netiweki ndi malaiti. Zitatuzi zili ngati akazi a mitala, sizikhala pa mphasa imodzi. Chiyambire chilala cha 2024, pamene madzi anatsika pa Kariba ndipo boma linalengeza mu Febuluwale kuti dziko lili pa tsoka, tonse tinaphunzira kuti malaiti ndi mlendo: amabwera usiku osagogoda, amachoka osatsanzika. Ine ndemwe ndinakhalapo maso mpaka tambala woyamba ndikuyang'ana kamzere kakukwawa pa sikirini. Kanafika pa 97. Kenako nyumba yonse inati zii, firiji n'kuusa moyo. Sindinalire, koma mbaula ija ndinaiyang'ana nthawi yaitali.

Malangizo anga ndi awa. Yamba kukonda achibale amene ali ndi sola ndi inivata. Azakhali aja a ku Woodlands amene sunawaonepo chiyambire ukwati wa msuweni wako, ukawaone. Upite ndi nthochi m'manja ndi chikwama kumsana. Ukafika funsa za BP yawo, za miyendo, za maliro a kumudzi amene sunapiteko, ndipo pakadutsa mphindi makumi awiri ufunse mwaulemu ngati Wi-Fi yawo ikugwira bwino masiku ano, poti wamva kuti anthu ambiri akudandaula. Adzakupatsa pasiwedi kuti uwayesere. Yesa mpaka madzulo. Ngati uli pantchito ya mu ofesi, njira ina ndi kunena kuti watsala kuti umalize malipoti, koma dziwa kuti mnyamata wa IT amaona zonse ndipo adzafuna kubwereka gemuyo.

Koma usanavutike chonchi, tamvera zimene zili m'magemuwo, mwina upeza kuti unazisewera kale. Mu Death Stranding 2, iwe ndiwe Sam, amene nkhope yake ndi ya Norman Reedus, ndipo ntchito yako ndi kusenza katundu. Umamanga mabokosi kumsana mpaka kupitirira mutu, n'kuyenda nawo m'mapiri ndi m'zigwa za Mexico ndi Australia, ukusamala kuti ungapendekeke n'kugwetsa zonse. Ukafikitsa bwino amakuyamikira. Mphwanga, pita pa Soweto Market m'mawa. Anyamata a mawilibala amasewera gemu imeneyi kuyambira mbandakucha: matumba a kabichi, mabokosi a tomato, mayi mwini katundu akukalipa pambuyo, matope, minibasi ikuliza hutala m'khutu. Iwo akafikitsa amalandira ndalama. Mwana wa ku Kabulonga amalipira madola 70 kuti asenze katundu wa anthu ena, ndipo akamuuza kuti atsitse thumba la malasha m'galimoto amati msana ukuwawa.

Mario Kart World ndi mpikisano wa oyendetsa 24 nthawi imodzi, aliyense akudula mnzake, kutaya makoko a nthochi mumsewu ndi kudutsa njira zachidule zimene palibe anazilemba pa mapu. Khala mpando wakutsogolo mu minibasi ya ku Chelstone cha m'ma 17 koloko, kondakitala akulendewera pachitseko. Kusiyana kwake n'kwakuti Mario akagwera m'dzenje amamunyamula n'kumubwezera pamsewu. Dune: Awakening imakuponya m'chipululu cha Arrakis kumene ntchito yaikulu ndi kusaka madzi ndi kubisala dzuwa. Imeneyo idikire Okutobala, idzabwera yokha kunyumba, ndi zigubu zomwe. Imafunanso intaneti nthawi yonse imene ukusewera, ndiye pa Arrakis ungapulumuke ku nyongolotsi zazikulu zakumeneko koma bandulo ikakutha wafa basi.

Rematch yokha ndiyo inandigwira mtima pang'ono. A ku France a kampani ya Sloclap anakhala pansi n'kupanga mpira wa anthu atatu, anayi kapena asanu mbali iliyonse, wopanda refa, wopanda faulo, wopanda ofusayidi, aliyense akuyendetsa wosewera mmodzi ndipo palibe amene akufuna kukhala pagolo. Ife tinkautcha chimpombwa, ndipo tinkaumanga ndi mapulasitiki. Chimene aiwala ndi mwini mpira, uja amati akagoletsedwa amaunyamula n'kupita kwawo.

Ndanena zonsezi, koma iwe ndi ine tikudziwa kuti mu Lusaka muli gemu imodzi, ndipo dzina lake ndi FIFA. Kampani ya EA inasiyana ndi bungwe la FIFA, ndipo kuyambira mu Seputembala 2023 gemuyo imatchedwa EA Sports FC. Uthengawu sunafike. Monga mmene mankhwala aliwonse otsukira mano alili Colgate, iyinso idzakhala FIFA mpaka Yesu adzabwere. Ndipo ndiyo yokha imalemekeza nyengo zathu, pakuti imatuluka kumapeto kwa Seputembala, majakaranda atachita maluwa, chilimwe chenicheni chitayamba kuwotcha malata. Mu 2025 munali Patson Daka mu jezi ya Leicester City, munali Barbra Banda mu ya Orlando Pride, ndipo mu Juni 2023 Copper Queens inalowa mu FIFA 23 pamodzi ndi matimu onse 32 a World Cup ya amayi. Tsiku limenelo anyamata amene ankati mpira wa akazi saonera anakanganirana Barbra. Malamulo a pa kantemba sasintha chaka ndi chaka: wogonja amapereka padi kwa wotsatira, wotenga Real Madrid ndi amene wafika poyamba, ndipo palibe munthu anagonjapo chifukwa chosadziwa. Padi ndiyo inali yakufa. Batani la X limamatirira. Uphunzire kunena zimenezi ukuigwedeza padiyo pafupi ndi khutu ngati wokonza mawailesi.

Ponena za magemu enawo, kusewera si kofunika kwenikweni. Chofunika ndi kukamba. Onera mphindi khumi pa YouTube, pa chithunzi chotsikitsitsa chija chimene anthu amaoneka ngati mbatata, kenako ukakumana ndi anzako pa Manda Hill kapena pa East Park unene kuti zithunzi zake n'zabwino koma nkhani yake ikuchedwa kuyamba. Mawu amenewa amakwana pa gemu iliyonse imene inapangidwapo. Wina akakufunsa kuti wafika pati, uti sukufuna kumuonongera. Mwina nayenso anaonera mphindi khumi zomwezo, ndiye mudzalemekezana.

Tsiku limene msuweni wa ku Kabulonga adzakuitane kuti ukaone Switch 2, usapite ndi njala ya m'maso. Vula nsapato pakhomo, upereke moni kwa amalume ndi manja awiri, ukane juwisi kamodzi n'kulandira kachiwiri. Akakupatsa padi, uyang'ane ngati yayaka, pakuti iwenso unkapatsa mng'ono wako padi yosalumikiza n'kumamuuza kuti akusewera bwino, ndipo Mulungu saiwala. Umulole apambane mipikisano iwiri yoyamba. Wachitatu umugonjetse pang'ono, kuti akuitanenso. Pochoka umufunse, ngati nkhani yongodutsa, kuti PlayStation 4 yake yakale ija anaiika kuti, poti fumbi limaononga zinthu.

Akakupatsa, uikulunge m'jekete, ukwere basi, ndipo usaitsegule panjira. Pofika kunyumba mwina upeza malaiti abwera. Usathamangire soketi. Amayi alumikiza kale ayironi, mlongo wako watchaja mafoni atatu ndi tochi, adadi akufuna nkhani za pa TV, ndipo pa chitofu pali nyemba zimene zakhala zikudikira kuyambira dzulo. Iwe ndiwe wachisanu pamzere. Khala pafupi ndi mbaula, padi ili pamiyendo, uziyeseza mabatani.