Mario Wouka kwa Akufa

Amene anaika m'manda makina a Famicom, omwe kampani ya Nintendo inatulutsa ku Japan mu 1983, anaiwala kuti mzimu sutsekeredwa m'bokosi; pakuti anyamata ochenjera anakopera za m'kati mwa makatiriji a masewera, nazisandutsa mafayilo a ROM, ndipo wolemba mapulogalamu Marat Fayzullin anaika kumutu kwake ma byte 16 ouza emulator, pulogalamu yodziyesa makina akalewo, za zida zimene katirijiyo inali nazo. Eni ake a masewerawo, a Nintendo, podziwa kuti mlandu suwola, anasumira a LoveROMs, tsamba la pa intaneti logawa mafayilo a ROM, mu 2018. Komatu akatswiri, posanthula Super Mario Bros. imene Nintendo inkagulitsa pa makina ake a Wii, anali atapezamo kale ma byte 16 omwewo, chidindo cha anthu amene kampaniyo imawatcha mbala.