Wopita Kunyanja Wodzera Paliponse

Masiku ano mlendo akachita hayala galimoto pa bwalo la ndege la Kamuzu kuti ikamutule ku Mangochi, ulendo umene munthu wolunjika amaumaliza dzuwa likadali m'mwamba, sipalephera kupezeka bwenzi lomulangiza kuti asadutse ngati wothawa ngongole, koma aoneko zamakolo m'njiramo. Motero amapatukira ku Chongoni kukapenya zojambula za Akafula pamiyala, zimene UNESCO inazilemba m'kaundula wake mu 2006. Amagula makapu adothi pa Dedza. Ndipo atatsetsereka mapiri a Golomoti, makapuwo akulira gobedegobede m'katoni pa khona iliyonse, amafika ku Mua, kumene ansembe a White Fathers anakhazika mishoni mu 1902, naima kukamwa yasa pamaso pa zigoba za Gule Wamkulu.

Indetu kuona maso a nkhono n'kudekha. Koma Yobu wa ulendowu ndi dalaivala, amene Mua anamuona kalekale, ndipo wangotsamira chitseko cha galimoto, akuwerengera mumtima za kubwerera usiku pakati pa njinga zopanda nyali. Nyanja ija mlendo amaipeza kutada bii.

Inu okonda maulendo otere, chonde mugulireniko nsima bamboyo pa Dedza.