Ndapalira mpaka batire kutha

Amene munandidziwa ndili mnyamata mukudziwa kuti ine ndi khasu sitinkamwerana madzi. Kwathu ku Dedza, Disembala akafika, chimanga chili m'mawondo, ndinkadwala nthenda yodabwitsa. Mutu unkayamba kuwawa tambala woyamba akalira, n'kuleka wokha nsima ikapsa. Malemu agogo ankangondiyang'ana ndi diso la kumbali n'kuti, "Iwe limbikira sukulu, apo ayi njala idzakupha mvula ikugwa." Ndinawamvera. Satifiketi yomwe ili pakhoma kunyumba kwangayi ndinaipeza pothawa kupalira.

Ndiye tamvani zomwe zandionekera kuno ku Lilongwe, imvi zitayamba kale.

Mwana wa mchemwali wanga atabwera kudzakhala nafe pa holide, anati, "Malume, foni yabwino ngati imeneyi mukungoonera maliro pa Facebook?" Anandiikiramo gemu yotchedwa Stardew Valley, ndipo ndalama yogulira inatuluka m'thumba mwanga. Akuti anaipanga ndi mnyamata mmodzi yekha wa ku America, Eric Barone, amene anakhala nayo pakompyuta zaka zoposa zinayi uku akugwira ntchito yolozera anthu mipando m'nyumba ya zisudzo ku Seattle. Inatuluka mu 2016. Zithunzi, nyimbo, nkhani, zonse anapanga yekha. Munthu wakhama chotere akanabadwira kwathu, bwenzi ali ndi nkhokwe zitatu.

Nkhani yake ndi yakuti iwe watopa ndi ntchito ya muofesi ku kampani ina ya m'gemumo yotchedwa Joja. Utsegula kalata yomwe anakusiyira malemu agogo ako, n'kupeza kuti akupatsa munda pafupi ndi katauni ka Pelican Town. Apa ndinaseka mpaka kukhosomola. Ife tikuthawa kumudzi kukafuna ofesi, anzathu akuthawa ofesi kukafuna khasu. Komanso munda wonsewo ukuulandira mwamtendere. Palibe malume amene akutulukira kudzanena kuti malowo ndi akuchikazi, palibe kukagwada kwa amfumu nkhuku ili m'manja.

Nditafika pamundapo ndinapeza thengo lokhalokha: tchire, miyala ndi zitsa. Anandipatsa khasu, nkhwangwa, piki, chikwakwa ndi keni yothirira. Meya wa kumeneko, mkulu wandevu zapamlomo dzina lake Lewis, anawonjezerapo mbewu 15 za parsnip, chomera chonga karoti koma chotuwa, chimene chimakhwima pa masiku anayi okha. Makuponi osafunika, pamzere osaima.

Tsono ndinagunda chala pa katchire koyamba. Tswa! Kanatheratu. Ndinagunda kachiwiri. Tswa! Abale anga, kupalira kotereku bwanji sanatiuze kale? Msana uli phee pampando, m'manja mopanda matuza, chitedze kulibe, linthumbu kulibe, njoka yoti n'kukuthamangitsa kulibe. Khasu ndi piki zimadya mphamvu, ndipo pakona pali kamzere komwe kamatsika ukamalima, koma chikwakwa sichidya kanthu. Ukhoza kutchetcha kuchokera 6 koloko m'mawa mpaka usiku osapuma. Kuwonjezera apo, tchirelo limakulipira. Ukalidula limagwetsa luzi, nthawi zina mbewu zosakaniza zoti ubzale ulere. Luzi 20, nkhuni 50 ndi khala limodzi, wapanga chidole choopsezera akhwangwala. Kumudzi ndinapalirako pang'ono, koma sindikumbuka tsiku limene udzu unandipatsa kanthu kupatula zidzolo.

Koma walira mvula walira matope. Tchire la m'gemuli siligona. Ukalisiya m'mphepete, usiku limafalikira n'kukudyera mbewu, ndipo m'mawa umadzuka ndi uthenga wokuuza kuti munda wawonongeka. Tsiku lomwe ndinaulandira koyamba uthengawu, mtima unandipweteka ngati mbuzi za aneba zalowa m'dimba. Ndinalumbira kuti sipadzatsala ngakhale katsamba. Tsiku la m'gemumo limatha pa mphindi pafupifupi 14, choncho umangoti, "limodzi lokha ndigone." Mlimi wakoyo akapitirira mpaka 2 koloko usiku amakomoka, n'kudzuka ndalama zina atamudula. Ine ndi iye tinkakomokera limodzi, kusiyana kwake n'kwakuti ine m'mawa mwake abwana ankandidikira.

Changu changacho chinandipweteketsa kawiri. Poyamba ndinatchetcha udzu wonse wobiriwira, munda n'kukhala mbee ngati bwalo la sukulu. Mwana wa mchemwali wanga uja ataona anagwira mutu. "Malume, umenewo sunali tchire! Mukanayamba mwamanga nkhokwe, bwenzi udzuwo ukulowa m'menemo kuti ziweto zidzadye nyengo yozizira." Kachiwiri, ndinali ndi kolifulawa amene mbewu yake ndinagula ndalama 80 za kumeneko kusitolo ya Pierre. Amatenga masiku 12 kuti akhwime. Tsiku la 11 ndinaona katchire pambali pake, ndipo m'malo mwa chikwakwa ndinali nditagwira piki. Chala chinaterereka. Ndinakuwa mokweza moti mayi akunyumba anadzambatuka, chitenje chili m'manja.

"Abambo, ndani watisiya?"

"Kolifulawa."

Anandiyang'ana nthawi yaitali, n'kutembenukira kukhoma osayankha.

Pano ndiulule chomwe ndakhala ndikuchizungulira. Kuseri kwa nyumba ya lendi yomwe tikukhala kuli kamunda ka mizere khumi. Mvula yoyamba itagwa, mayiwa anabzalamo chimanga, ndipo ine ndi pakamwa pangapa ndinati, "Zopalira musade nazo nkhawa, ndi zanga." Akuluakulu amati m'mera mpoyamba, ndipo alangizi amanena kuti chimanga chipaliridwe masabata oyambirira chikangomera, udzu usanayambe kulimbirana nacho feteleza. Ine masabata amenewo ndinali kalikiliki ku Pelican Town.

Kenaka kunabwera apongozi kuchokera kumudzi. Mwana wathu wamng'ono, amene pakamwa pake palibe chitseko, anawalandira ndi nkhani yabwino: "Agogo, adadi ali ndi munda waukulu, amakolola masiku anayi alionse!" Apongozi anasangalala, n'kupempha kuti akauone. Poti foni sindikanawapatsa, ndinawatsogolera kuseri.

Chimanga chinalipo, koma umachita kuchifunafuna. Chinali chachikasu, choonda ngati ndodo za usipa, kapinga atachikulunga, chisoso chitachipitirira msinkhu. Pofuna kudziombola ndinaloza timaluwa tofiira tokongola tomwe tinamera m'tsinde mwa chimangacho.

"Awa ndawasiya dala, amayi, kuti pakhomo pazioneka bwino."

Apongozi anawerama, n'kuzula kamodzi, n'kundionetsa mizu yake. "Bambo, ameneyu ndi kaufiti. Amamera chomamatira ku mizu ya chimanga, n'kumayamwa madzi ndi chakudya chake. Mukamuona watuluka pamwamba, pansipa wayamba kale kuwononga. Mukamulola achite maluwa n'kugwetsa njere, zimakhala m'nthaka zaka ndi zaka, eni nyumbawa adzakutukwanani mutasamuka kalekale. Amazulidwa asanabereke, n'kumutentha." Anayankhula mwaulemu wonse, maso ali pansi, zomwe zinapweteka kuposa kundikalipira.

Loweruka ndinabwereka khasu kwa aneba. Ndinaligunda kamodzi pa kapinga, ndikudikira kumva tswa. Kapinga anangondiyang'ana. Mzere woyamba usanathe ndinali nditadula mapesi awiri a chimanga, ndipo luzi sindinatole ngakhale kamodzi. Mzere wachiwiri, matuza anatuluka. Kamzere ka mphamvu sindinkakaona, koma msana unkandiuza bwinobwino pamene kafika. Nditalunjika pa chitsamba china chobiriwira, mayi akunyumba anathamanga kuchokera kukhitchini.

"Abambo, siyani! Ameneyo ndi bonongwe. Nanga mukuganiza kuti ndiwo mwakhala mukudya mwezi uno zikuchokera kuti? Chisoso chomwe munachiyamikira dzana chija ndinathyola pomwe mwapondapo."

Ndiye kuti ulesi wanga ndi umene wakhala ukudyetsa banja. Ndinafuna kunyadira, koma apongozi anali pakhonde akuonerera. Minda iwiri, yam'foni ndi yapansi, ndipo konseko sindidziwa chozula ndi chosiya.

Mzere wachitatu sindinaufike. Ndinaitana mnyamata wa ganyu, tinagwirizana mtengo pa mzere uliwonse, ine n'kukakhala pansi pa mtengo wa mango kuti ndiziyang'anira ntchito. Posakhalitsa foni inapezeka m'manja yokha. Mnyamatayo atafika kumapeto, thukuta lili kamukamu, anasuzumira.

"Bwana, mukupanga chiyani?"

"Ndikupalira."

"Amakupatsani zingati pa mzere?"

Ndinamuuza kuti ndine ndinalipira kuti andilole. Anapukusa mutu, n'kuwerenga ndalama zake kawiri, ngati akukayika kuti munthu wotere angapereke ndalama zenizeni.

Panopa kuseri kuli mbee, ngakhale apongozi anena kuti tikakolola ndowa imodzi tikathokoze kutchalitchi. Ku Pelican Town zinthu zili bwino kwambiri. Nkhokwe ndamanga, nkhuku zikuikira, tchire kulibe. Amene mukufuna ufa chaka chino musavutike kubwera kwathu, ifenso tikagula ku msika.