Ndinalipira Marandi Kuti Ndikalavule

Alamu anga, achimwene awo a mayi a kunyumba, amaperekera zakudya mu lesitilanti ina ku Cape Town. Chiyambire kunyamula mbale za alendo, amayankhula za vinyo ngati kwawo ku Thyolo amalima mphesa, pomwe tonse tikudziwa kuti anakulira m'mizere ya tiyi. Nditapita kukawachezera, ananenetsa kuti sindibwerera ku Ndirande ndisanaone kumene amapanga vinyo wa thovu, uja amaphulitsa pa maukwati a anthu andalama ife tikuomba m'manja titagwira Fanta. "Alamu, kumeneko mumalipira kamodzi pakhomo, kenako mumalawa mitundu yonse," anatero.

Mawu akuti "mitundu yonse" ndinawamva bwino kwabasi. M'mawa mwake ndinakana tiyi, ndinakana buledi, kuti m'mimba mukhale malo. Ndinavala jekete yanga ya ku tchalitchi, dzuwa likuswa mtengo, ulendo wa ku Franschhoek. Chigwa chake n'chokongola, mapiri uku ndi uku, mphesa zili ndandanda. Alamu anandifotokozera kuti malowa anakhalamo Afalansa othawa nkhanza za chipembedzo, amene anafika mu 1688. Ndinawauza kuti ndiye kuti anali anzawo, obwera ku Joni kudzasaka moyo, kungoti iwo atafika anagawiridwa minda ya eni ake, pomwe alamu mpaka lero akugawana chipinda ndi mnzawo. Sanaseke.

Pa famu imene tinapita anatilandira ndi mtsikana waulemu, womwetulira ngati sanaonepo ngongole. Pagulu lathu panali banja lina la ku Germany ndi mayi wachikulire atanyamula kabuku ndi cholembera. Ine, pofuna kuonetsa kuti sindine wachilendo pa zinthuzi, ndinafunsa mokweza kuti shampeni ali mbali iti. Mtsikanayo anandiyang'ana mwachisoni. Anati dzinalo ndi la vinyo wochokera m'dera la Champagne ku France kokha, ndipo South Africa inavomera kale mu 1935 kusiya kugwiritsa ntchito mayina a vinyo wa Afalansa, posinthana ndi mwayi wogulitsa ku France nkhanu zikuluzikulu za m'nyanja ya mchere. Choncho wa kuno, wopangidwa mwa njira yomweyo, kuyambira mu 1992 amamutcha Cap Classique. Woyamba kumupanga anali Frans Malan wa ku Simonsig ku Stellenbosch, mu 1971. Anawonjezera kuti vinyo wa Graham Beck wa ku Robertson ndi amene anamwedwa polumbiritsa Nelson Mandela mu 1994, ndipo banja la Obama linatsegulanso yemweyo litapambana zisankho mu 2008. Ndinagwedeza mutu ngati ndinaliko konseko. M'mimba munali mutayamba kulira.

Ndinkaganiza kuti tikhala pansi tsopano. Ayi ndithu, anatitsogolera kumunda kukaona masamba. Akuti mphesa za vinyo ameneyu, makamaka Chardonnay ndi Pinot Noir, amazithyola msanga, mu Januwale, zisanapse bwino, chifukwa amafuna zikhale zowawasa. Pinot Noir ndi yakuda, koma akaifinya mosamala madzi ake amatuluka oyera chifukwa mtundu uli m'khungu. Madziwo amawawiritsa ndi yisiti n'kukhala vinyo wamba wopanda thovu, wowawasa moti simungam'patse mlendo. Ndiye amam'thira m'mabotolo, kuwonjezeramo shuga ndi yisiti wina, n'kutseka ndi chivindikiro chonga cha botolo la Carlsberg. Yisiti akamadya shuga uja amatulutsa mpweya, mpweyawo n'kusowa potulukira, n'kulowerera m'vinyo momwemo.

Apa ndinamva kuti tafika kwathu. Aliyense amene anaiwalapo thobwa m'chigubu chotseka kwa masiku angapo nyengo yotentha akudziwa chimene chimachitika ukamatsegula, ndipo akudziwanso mawu amene mayi a kunyumba amanena akaona khoma. Kusiyana kwake n'kwakuti kuno amachita dala, ndipo amalipiritsa oonera.

Kenako tinatsikira m'chipinda cha pansi, mozizira, mwa mdima, mabotolo atagona chogona mpaka kudenga. Mtsikana uja anati mpweya wa m'botolo limodzi umaposa wa m'tayala la galimoto pafupifupi katatu, n'chifukwa chake mabotolowo ndi ochindikala. Ndinasendera pakati pa njira, manja ndinapinda. Anati lamulo limafuna kuti botolo ligone pamenepo miyezi yosachepera 12, ndipo ena amawasiya zaka zingapo. Abale anga, taganizani munthu kukhala ndi nyumba yodzadza mowa, makiyi ali m'thumba mwake, iye n'kumangodutsa tsiku ndi tsiku akupereka moni. Kwathu munthu wotere tikanapita naye kwa abusa kuti akamupempherere, kapena tikanamusankha kukhala msungichuma wa banki m'khonde.

Chimene chinandiimitsa mutu ndi matabwa aatali oimikidwa mopendekeka, obooledwa mabowo, botolo lililonse litalowetsa khosi m'bowo lake. Yisiti akamaliza ntchito amafa n'kusanduka nsenga, ndipo nsengazo ziyenera kuchoka popanda kutaya mpweya. Ndiye pamabwera bambo wina, manja awiri, kugwira mabotolo awiri kumatako, kuwapotokola pang'ono, kuwaimika pang'ono, n'kupita pa ena. Mawa chimodzimodzi, mkuja chimodzimodzi, kwa milungu ingapo, mpaka botolo litaima chadodolido, nsenga zonse zitatsikira pakhosi. Nzeru imeneyi akuti inachokera kwa mayi wamasiye, Madame Clicquot wa ku Reims, zaka zoposa 200 zapitazo. Masiku ano ambiri amagwiritsa ntchito makina amene amatembenuza mabotolo pafupifupi 500 nthawi imodzi, koma pa vinyo wapamwamba manja akadalipo. Bambo amene anationetsa ankathamangitsa manja ngati woimba ng'oma, maso ali kwina. Anandilola kuyesa. Ndinagwira botolo, ndinalikhutchumula mwamphamvu monga tichitira ndi Chibuku, nsenga za milungu itatu n'kubalalika mbwee. Bamboyo sananene kanthu. Analichotsa botololo m'manja mwanga mofatsa, monga mmene umalandira mpeni kwa mwana.

Pomaliza amaviika khosi la botolo m'madzi ozizira kwambiri kuti nsenga ziundane, n'kutsegula chivindikiro. Mpweya umakankha kachibuma kaja, phwa! Ndiye amadzazitsa ndi kavinyo kena kosakaniza ndi shuga pang'ono, n'kukhomerera chitsekerero ndi kuchimanga ndi waya. Anzanga ankajambula ndi mafoni. Ine maso anali pa timadontho tinagwera pansi.

Nthawi inali itadutsa 12 koloko pamene anatikhazika pa tebulo. Matambula aataliatali, oonda, anali ndandanda patsogolo pa aliyense. Mtsikana uja anamasula waya, kupotokola kasanu ndi kamodzi, n'kugwira chitsekerero ndi dzanja limodzi uku akutembenuza botolo. Ndinatseka makutu. Linangoti psii. Akuti kuphulitsa n'kwa anthu osadziwa, kumangotaya mpweya umene anthu ausunga zaka. Anathira. Ndinadikira kuti apitirize, koma anali atapita kale kwa Ajeremani. Vinyoyo anali wofika zala ziwiri, ndipo chala chimodzi linali thovu.

Pakati pa tebulo panali kandowa kachitsulo konyezimira. Ndinaona mayi wa kabuku uja akupsontha, kuchukucha m'kamwa, n'kuweramira kandowako. Walavula! Wotsala m'tambula n'kukhuthuliramo. Mtima wanga unapweteka. Ndinawanong'oneza alamu kuti kodi mayiwa adwala? Anati ayi, akatswiri amatero kuti mutu usazungulire. Ndinati, "Alamu, bambo uja wapotokola botolo limeneli milungu yonse ija kuti lithere m'ndowa? Ndipo marandi anga aja ndinalipira kuti ndilavule?" Anandiponda phazi pansi pa tebulo. Ine sindinalavule ngakhale dontho. Ndinathandizanso alamu, popeza iwo ndi amene ankayendetsa galimoto.

Kenako linafika funso: mukumva fungo lanji? Mjeremani anati maapozi obiriwira. Mkazi wake anati mandimu. Mayi wa kabuku anatchula buledi wina wa Chifalansa amene sindinamuonepo. Maso onse anatembenukira kwa ine. Ndinalowetsa mphuno m'tambula, thovu n'kundithothola, ndipo chifukwa cha njala ndinangonena zimene zinali mumtima: "Mandasi." Alamu anagwira kumaso. Koma atamasulira kuti ndi ufa wokanda ndi yisiti wokazinga m'mafuta, mtsikana uja anaomba m'manja. Anati ndalasa, fungo limenelo limachokera ku nsenga za yisiti zimene vinyo amagona nazo miyezi yonse ija, ndipo alendo ambiri salimva msanga. Mayi wa kabuku analemba. Anandifunsanso kalembedwe kake.

Kuyambira pamenepo ndinakhala katswiri. Tambula yachiwiri, vinyo wofiirira uja amati Rosé, onse anadikira ine. Ndinatseka maso, ndinapukusa mutu pang'onopang'ono, ndinati, "Masuku." Analemba. Yachitatu inali ya Chardonnay yekhayekha, youma pakhosi, ndipo thovu linali litayamba kukwera m'mutu mopanda chotchinga poti m'mimba munalibe mlonda. Ndinati ndikumva usipa wa ku Nkhata Bay, wa mwezi wa mdima. Apa alamu anakana kumasulira. Yomaliza inali yotsekemera, imene akatswiri ankangoinunkhiza mwaulemu n'kuikankhira kumbali. Imeneyo ndiye inandikomera zedi, ndipo ndinanena poyera. Mayi uja anatseka kabuku kake.

Potuluka amakudutsitsani m'sitolo, palibe khomo lina. Ndinayang'ana mitengo n'kuisandutsa makwacha, mowa wonse unandithera. Komabe munthu amene wangolemekezedwa kumene sangatuluke chimanjamanja, ndiye ndinagula botolo lotsika mtengo kuposa onse, ndinalikulunga m'jekete.

Botololo linakwera basi, linadutsa Beitbridge, linadutsa Nyamapanda, linapsa ndi dzuwa la ku Tete, likudumpha m'mabampu mpaka pa Mwanza. Kunyumba tinapeza magetsi atazima, choncho za kuziziritsa tinaziiwala. Ndinaitana aneba, ndinawafotokozera za Madame Clicquot, ndinawachenjeza kuti odziwa saphulitsa. Nditangomasula waya, chitsekerero chinachoka chokha n'kukamenya malata, agalu a mzere wonse anayamba kuuwa, theka la vinyo linathera pa malaya a apongozi. Wotsalayo ndinathirira mayi a kunyumba m'kapu ya tiyi. Analawa, anakwinya nkhope, anati, "Bambo a ana, akuberani, mowawu ndi wosasa." Ndisanayankhe anali atathiramo masipuni awiri a shuga, ndipo kapu yonse inafufuma n'kusefukira pa mphasa.