Malangizo kwa Ogula Makina Oyendera Nthawi kwa Katunga

Popeza makina oyendera nthawi ayamba kupezeka pa Dyeratu, pakati pa amayi ogulitsa mlamba wowamba ndi anyamata okonza mafoni, ndi bwino tiuzane kagwiritsidwe kake wina asanapweteke. Mabatani ake ndi awiri basi: lofiira lobwerera m'mbuyo, lobiriwira lothamangira kutsogolo. Muziwatchaja ku sola. Wodalira magetsi a pawaya akumbukire kuti mu Januwale 2022 namondwe Ana anagumula damu la Kapichira pamtundapa, dziko lonse n'kumalandira magetsi mosinthana kwa nthawi yoposa chaka. Akakuthimirani muli pakati pa ulendo, mukhoza kutsakamira m'njala ya 1949, ndipo kulibe amene adzakutsatireni ndi thumba la ufa.

Batani lofiira musalikanikize ngati mukupha nsikidzi. Mukalimbikira kwambiri mudzatulukira m'zaka za m'ma 1880, pomwe dera lino linali m'manja mwa Amakololo, anthu amene anabwera ndi David Livingstone n'kukhazikika m'mbali mwa Shire, mmodzi wa iwo ali Katunga mwiniwakeyo. Mudzaona sitima za pamadzi za kampani ya Mandala zitakocheza padoko pompano, zikutsitsa nsalu, mikanda ndi azungu ofiira ndi dzuwa. Musayandikire mutapinda manja. Katundu yenseyo ankakwera phiri kupita ku Blantyre pamitu ya amtengatenga, ndipo kapitawo akakuonani muli ndi khosi lonenepa sadzafunsa kuti mwachokera chaka chiti. Koma chithunzi chokha jambulani, chifukwa ana anu sadzakhulupirira kuti sitima inafikapo kwa Katunga popanda nduna yodula riboni.

Pamenepa ndiye pali chenjezo lalikulu. Ambiri akangogula makinawa amathamangira ku Nsanje, n'kukaima pa doko lija anatsegula malemu Bingu wa Mutharika mu Okutobala 2010, n'kukanikiza lobiriwira kuti aone tsiku lofika sitima. Abale anga, batire ndi lodula. Amene ayesapo akuti anadumpha zaka khumi, anawonjezera zina khumi, n'kupeza asodzi akuyanika maukonde pa simenti yomwe ija. Wofuna kuona sitima pa Shire akanikize lofiira.

A ngongole za katapila, musavutike n'kubwerera ku tsiku lomwe munali musanakongole. Wokongozayo anagula makina ake inu musanagule, ndipo mudzam'peza akukudikirani pansi pa mtondo, kope lili m'manja. Nanunso ofuna kukagula shuga pamtengo wakale, kwacha isanagwe ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, yang'anani kaye ndalama zili m'thumbazo. K5,000 ya pepala inatuluka mu 2022. Mukakaitulutsa pagolosale ku Nchalo mu 2015, mukagona m'chitokosi pa mlandu wopanga ndalama zachinyengo, kwinaku fungo la nzimbe zowotcha likulowera pazenera.

Tsono nkhani ya madzi, yomwe ndi imene yagulitsa makina ambiri. Aliyense ali ndi nzeru imodzi: kubwerera ku Disembala 2014 kukadzichenjeza yekha. Pitani ndithu. Mukadzipeza nokha kudimba mukupalira chimanga, thukuta lili kamukamu. Mudzadziuza kuti Januwale akubwerayu Shire asefukira, mu 2019 kubwera namondwe Idai, mu 2022 Ana, mu 2023 Freddy, choncho samuka upite kumtunda. Munthu wa khasuyo adzakumvetserani mwaulemu, chifukwa munaleredwa bwino, kenako adzafunsa kuti, “Nanga kumtundako ndikadya miyala? Malo mwandipezera? Mjigo ulipo?” Mudzakanda m'mutu, popeza mayankho ake simunawapezebe ngakhale kumene mwachokerako. Ena amathera pomuthandiza kupalira, n'kubwerako ndi matuza.

Nthawi ya kampeni makinawa amaoneka ngati awonongeka. Mukanikiza lobiriwira zaka zisanu, mumva za mlatho, za mtengo wabwino wa thonje ndi za njanji ya ku Bangula. Mukanikiza lofiira zaka zisanu, mumva zomwezo, kusiyana mtundu wa nsalu zimene amayi ovina avala. Musakabweze kwa wogulitsa, akugwira bwinobwino. Komanso wandale akakupemphani kuti mum'bwereke, kanani, chifukwa akakafufuta tsiku lomwe analonjeza, inu mudzasanduka abodza pabwalo la mfumu.

Wina anafunsa ngati angadumphe Okutobala ndi Novembala kuthawa kutentha kopitirira madigiri 40. N'zotheka, koma mudzafika mvula itagwa munda usanasosedwe.

Pomaliza, makinawa salimba ku madzi, ndipo chitsimikizo cha wogulitsa chimatha mitambo ikangoyamba kuda cha ku Thyolo. Ngati ndalama za thonje la chaka chino zikukwanira chinthu chimodzi chokha, gulani bwato.