Wamakala Wasanduka Katswiri wa Mitengo

Inu akumudzi amene mumanena kuti ndinapita ku Joni kukangotha nsapato, imvani uthenga: ine tsopano ndili m'gulu la anthu opulumutsa dziko lapansi. Satifiketi sanandipatse, koma adona amene ndimawasamalira maluwa kuno ku Rustenburg ananena okha pamaso pa alendo awo kuti manja anga ndi odala, chilichonse chimene ndabzala chimamera. Alendowo anagwedezera mitu. Ine ndinavula chipewa n'kuyang'ana pansi, monga amachitira akatswiri akamayamikiridwa.

Chimene adonawo sadziwa n'chakuti mitengo ndinaiphunzirira mbali inayo. Ndisanabwere kuno ndinali wamakala. Mitengo ya ku Neno ndimaidziwa ndi mayina ake, tsanya, mombo, muwanga, ndipo ndingakuuzeni umene umapsa msanga mu uvuni ndi umene makala ake amalemera pa njinga. Msewu wa Zalewa ndinkauyenda usiku, maso kutsogolo, makutu kwa a zankhalango, mpaka kutulukira mu Blantyre kukucha. Anthu amene ankatitukwana kuti tikumeta mapiri ndi omwewo ankatidikirira pachipata, mbaula ili kale panja. Ndiye tsiku lolembedwa ntchito atandifunsa ngati ndili ndi luso pa za mitengo, ndinayankha ndi mtima woyera kuti inde, la zaka zambiri. Bodza lili pati pamenepo?

Tsiku lina anandituma kusitolo kukagula makala owotchera nyama. Abale inu, makala m'sitolo! Ali m'thumba la pepala lokongola, pashelefu, mtengo wolembedwa, wapolisi palibe. Pathumbapo analemba kuti achokera ku Namibia, kumene tchire lachita kuwirira mpaka kuphimba msipu wa ng'ombe, moti wowotcha makala amaonedwa ngati wothandiza. Ndinaima pamenepo mpaka mlonda wa m'sitolo anayamba kundiyang'anitsitsa. Ntchito imene kwathu, chikhwimitsireni lamulo la nkhalango mu 2020, ingakugonetse kundende, kwina ikanandipatsa ulemu ndi lisiti. Ine ndinangolakwitsa pobadwira.

Rustenburg ndi mizinda iwiri yovala dzina limodzi. Ulipo wa m'munsi mwa mapiri a Magaliesberg, kumadera ngati Cashan, kumene mitengo imakumana pamwamba pa msewu ndipo mbalame zimaimba mokhuta. Uko ndi kumene ndimagwira ntchito. Mfumu ya kumeneko ndi kapinga. Kapinga ameneyu sadyedwa, sadyetsa ng'ombe, safolera nyumba. Udindo wanga ndi kumuthirira kuti akule, akakula ndimudule, ndikamudula ndithire feteleza kuti akulenso. Mvula ya kuno siifika ngakhale theka la ya ku Mulanje, koma kapingayo amakhala wobiriwira chaka chonse, ndipo ndimanyadira. Ndinamujambula pa foni n'kutumiza kumudzi. Amayi anayankha ndi funso limodzi lokha: "Mwanawe, malo onsewo osabzalapo chimanga bwanji?"

Madzulo ndimapalasa njinga kupita ku Rustenburg winayo, wa mikhukhu ya malata kufupi ndi migodi. Pamzere wathu mthunzi umene ulipo ndi wa pholo la magetsi, ndipo kukatentha mu Disembala agalu amayamba ndiwo kuulanda.

Za pansi pa nthaka anandiphunzitsa alamu anga, amene amatsikira mumgodi tsiku ndi tsiku. Akuti mwala umene akukumbawu anautulukira Hans Merensky ndi anzake mu 1924, ndipo mpaka lero South Africa imatulutsa pafupifupi magawo 70 pa 100 aliwonse a pulatinamu wokumbidwa pa dziko lonse, wambiri wochokera m'chigawo chino chomwe. Ine ndinkaganiza kuti zonsezo amapangira mphete zaukwati. Alamu anaseka. Gawo lalikulu limapita mu ekizozi ya galimoto, m'kabokosi kamene utsi umadutsamo usanatuluke. Utsi woipa ukakhudza pulatinamu umasintha n'kutuluka wochepa ululu. Ndiye kuti mwana wa ku London akapuma mpweya wabwinoko pamsewu, pali thukuta la alamu anga.

Usiku umenewo ndinagona ndi chifuwa chotukumuka. Banja lathu likuyeretsa mpweya wa azungu! Kutacha ndinadzuka chifuwa chomwecho chikutsokomola, chifukwa unali Ogasiti, mwezi wa mphepo, pamene fumbi la pa zitunda za zotsalira za mumgodi limanyamuka kudzatichezera. Limalowa ngakhale mutatseka mipata ndi nyuzipepala. Mayi akunyumba akayanika malaya oyera, amawaanula asanduka a mtundu wina. Masiku ena kumabweranso fungo la sulufule lochokera ku ng'anjo zosungunulira miyala, lokanda kukhosi. Boma likudziwa, si chinsinsi: mu 2012 linalengeza dera la Waterberg-Bojanala, momwe muli Rustenburg, kuti ndi malo ofunika kuyang'aniridwa mwapadera pa za mpweya. Chilengezocho chinasindikizidwa bwinobwino, kungoti fumbi siliwerenga gazeti ya boma. Akuluakulu anati chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Nyererezo ndife.

Koma musaganize kuti ndine munthu wosakonda chitukuko. Mu Meyi 2022, a Cyril Ramaphosa atapita ku mgodi wa Mogalakwena ku Limpopo kukakhazikitsa chilole cha kampani ya Anglo American choyendera mpweya wa hydrogen, chonyamula matani 290 koma chotulutsa nthunzi ya madzi m'malo mwa utsi, ine ndinaonera pa foni mpaka bandulo inatha. Ndinaitana mayi akunyumba.

"Amayi, bwerani mudzaone, tsogolo lafika."

Anasuzumira kamodzi. "Likafika kuno, abambo, mulitume likatitungire madzi. Mpopi wauma kuyambira dzana."

Pa nkhani ya madzi, ine ndimangokhala chete, chifukwa katswiri weniweni pakhomo pano ndi iwowo. Ndowa imodzi imagwira ntchito ngati ili pa ngongole. Madzi ayamba asambitsa mwana, kenako achapa zovala, kenako akolopa, ndipo otsalawo amapita pa nkhwani zimene anabzala m'tayala lakale kuseri kwa mkhukhu. Ine amene ndimathira madzi akumwa pa kapinga tsiku lonse, ndikafika pakhomo amandiyezera osamba ndi jagi. Ndikadandaula amati ndikasambe kuntchito pamodzi ndi maluwa anga.

Chodabwitsa n'chakuti mzinda nawo unatulukira nzeru yomweyi. Mu 2003 kunakhazikitsidwa bungwe la Rustenburg Water Services Trust, limene linakonza malo oyeretsera madzi a m'masuweji, kuphatikizapo a ku Boitekong, n'kumagulitsa madzi oyeretsedwawo ku migodi kuti izigwiritsira ntchito. Motero madzi abwino ena amene migodi ikanamwa amatsalira anthu, ndipo ndalama za migodizo zimathandiza kulipira ntchitoyo. Pamenepa ndiwayamike, anaganiza. Koma nditawafotokozera mayi akunyumba kuti pamafunika mainjiniya ndi ngongole ya kubanki kuti madzi agwire ntchito kawiri, anandifunsa kuti malipiro awo a zaka zonsezi akatenge kuti.

Pa mitengo yonse ya m'tauni muno, umene ndimagwirizana nawo ndi jakaranda. Mumaudziwa, ulipo ku Zomba ndi ku Blantyre, umachita maluwa ofiirira mu Okutobala n'kuwayala pamsewu. Kwa adona ulipo umodzi waukulu, ndipo ndi ine amene ndimasesa. Ndinamva kuti kwawo ndi ku South America, unabwera kuno m'zaka za m'ma 1800, ndipo lamulo la dziko lino limauwerengera m'gulu la zomera zachilendo zolanda malo. Pali ndi pulogalamu ya boma yotchedwa Working for Water, imene inayamba mu 1995 nthawi ya nduna Kader Asmal, yolemba anthu ntchito yodula mitengo yobwera monga bulugamu ndi wattle wa ku Australia, chifukwa imamwa madzi ambiri m'mbali mwa mitsinje n'kupha zomera za eni dziko. Jakaranda anamuchitira chifundo: m'tauni akhale, koma akapezeka kutchire, nkhwangwa. Nditamva zimenezi ndinaupatsa moni mtengowo ngati mbale. Unachoka kutali, wakongoletsa mabwalo a eni ake zaka zonsezi, koma akakhala pansi amati ukuwamwera madzi. Kusiyana kwake n'kwakuti mapepala ake ali bwino kuposa a anthu ena amene ndimapemphera nawo Lamulungu.

Seputembala ndi mwezi wa mitengo kuno. Kwathu nyengo yobzala imayamba pa 15 Disembala mpaka pa 15 Epulo, mvula ikugwa. Kuno amabzala nthaka idakali gwa, mvula isanaganize n'komwe zobwera. Adona anandipatsa mbande yotsala, kamtengo ka eni dziko kaminga, n'kunena kuti ndikabzale kwathu, nanenso ndithandize kubiriwitsa mzinda. Ndinakamanga pa keliyala mosamala kwambiri. Panjira ndinali nditayamba kale kuona anthu a pamzere wathu atakhala pamthunzi zaka zikubwerazo, akuuza ana awo kuti mtengo uwu anabzala ndi Mmalawi wina wamaso patali.

Ndinali ndikukumba dzenje pamene a mastende, mayi eni malo, anatulukira.

"Malawi, ukukumba chiyani pamenepo?"

"Ndikubzala mtengo, Mma. Wa mthunzi."

"Mtengo umalipira lendi?"

Ndinati ayi.

"Pamenepo pakubwera chipinda mwezi wamawa. Munthu wapereka kale dipoziti."

Ndipo musawaone ngati oipa mtima. Migodi itayamba kupatsa antchito ndalama yokakhalira kunja m'malo mwa mahositelo, ambiri anasankha kachipinda ka malata kotchipa kuti yotsalayo azitumiza kwawo, ku Eastern Cape, ku Lesotho, ku Mozambique. Aliyense wokhala ndi kabwalo anakasandutsa munda wa zipinda. Mikhukhu ya ku Nkaneng imene dziko lonse linaiona pa TV mu Ogasiti 2012, apolisi atapha anthu 34 ogwira ntchito mumgodi ku Marikana, inamera mwa njira yomweyo, ndipo pamenepo ine sindiseka. Malo amene kulibe mipopi yokwanira, ngalande ndi msewu, amene angasiyire mtengo danga ndani? Mtengo ndi mlendi wosalipira amene amafunanso madzi.

Komabe katswiri sagonja msanga. Ndinakambirana ndi a mastende mpaka anandilola kakona ka pafupi ndi chimbudzi, kumene ngakhale wofuna chipinda sangavomere. Ndinathira manyowa, ndinapempha madzi okolopera kwa mayi akunyumba atandilumbiritsa kuti nkhwani zawo sizisowa gawo, ndinatchinga ndi makatoni. Kamtengo kanaphuka timasamba tatsopano. Ndinayamba kuyenda mosiyana. Kutchalitchi ndinapempha mphindi zingapo pa zolengeza kuti ndilankhule za chilengedwe, ndipo ndinalankhula mpaka amsonkhano anandikoka jekete.

Pobwera kuchokera kutchalitchiko ndinapeza mbuzi ya aneba itaima pakona paja, katoni ili m'kamwa. Kamtengo inali itayamba ndi kameneko. Minga imene adona anati idzakateteza, mbuziyo inaiona ngati ndiwo zokometsera. Inandiyang'ana, ndinaiyang'ana. Ine amene ndinagwetsa tsanya wamkulu ndi nkhwangwa imodzi, ndinaluza kwa mbuzi yopanda ndi ndevu zomwe.

Madzulo ake alamu anabwera kudzandipepesa, koma kuseka kunawakanika kubisa. Anati ndisadandaule, pa nkhani yosamala dziko ife a kumikhukhu tili kale patsogolo, kungoti sitidziwa. Ndipo nditaganiza, ndi zoona. Abwana Loweruka amakweza njinga yawo padenga la galimoto, n'kuwotcha mafuta mpaka kumapiri, amene UNESCO inawaika m'kaundula wa malo osungidwa mu 2015, kuti akapalase atavala kabudula wothina. Iwowo amatchedwa okonda chilengedwe. Ine wopalasa tsiku lililonse, mabasi a Yarona akundipitirira, ndimatchedwa wosowa ya takisi. Anyamata aja okoka tingolo m'bandakucha, otola mabotolo, zitini ndi makatoni m'mabini galimoto ya zinyalala isanafike, akatswiri a bungwe la CSIR anapeza kuti ndi amene amatolera magawo 80 mpaka 90 pa 100 aliwonse a mapepala ndi zotengera zimene zimabwerera kufakitale m'dziko muno. Malipiro awo ndi masenti pa kilo ndi kuuwidwa ndi agalu. Botolo la mafuta ophikira pakhomo pathu limakhala la mafuta, kenako la madzi, kenako la parafini, pomaliza fanulo. Sitinapite ku semina ina iliyonse. Umphawi unatiphunzitsa ulere.

Ndiye a mabungwe ndi akuluakulu amene mumagawa mbande mu Seputembala, makamera ali pheee, ndikupempheni: pa mbande iliyonse muziphatikizapo waya wotchingira ndi pangano la madzi, ndipo muzifika nazo kuno kumene fumbi limagona, osati kokhakokha kumene mthunzi ulipo kale. Kamtengo kanga kaphukiranso patsinde, timasamba tiwiri, ndipo mbuzi ija ikudutsa m'mawa uliwonse kudzaona mmene zikuyendera. Mmalawi mnzanga aliyense wa muno mu Rustenburg amene abwana ake akutaya waya wakale wa mpanda, asaupereke kwa ogula zitsulo. Andipeza kutchalitchi Lamulungu, mpando wakumbuyo, poti zolengeza anandiletsa.